Mabatire a Sukulu ya ku Woodlands

Moni nonse abale ndi alongo mwa Ambuye amene mumawerenga tsamba lino la achinyamata a mpingo wathu. Ndiyambe ndi kupepesa chifukwa cholimba mtima kulemba pamalo pamene pamalemba anthu ophunzira. Ine sukulu yanga ndi ya kumudzi, ku Katete, ndipo ndinalekezera giredi 9, choncho mukapeza mawu okhota mundikhululukire. Atsogoleri athu anandipempha kawiri kuti ndiime kutsogolo ndinene umboni umenewu, koma ine ndikaima pagulu mawu amathawa. Pomaliza anandiuza kuti ndingolemba. Dzina langa ndine Yotamu. Ndimakhala ku Chelstone, muno mu Lusaka, ndi azakhali anga, ndipo ndimagwira ntchito yokonza mabatire a malaputopu mu shopu ina yaing'ono m'tauni. Ndikufuna kunena za nthawi imene ndinatsala pang'ono kuchotsedwa ntchito ndi dzina la wakuba, pa chinthu chimene sindinabe.

Ndinabwera ku Lusaka ndisakudziwa kanthu kupatula khasu ndi kumata matayala a njinga. Azakhali ndi amene anandipezera malo. Iwo amapemphera limodzi ndi akazi a Ba Mwansa, eni shopu, m'gulu la amayi la Lachinayi, ndipo anandiikira umboni kuti ndine mwana wosagwira za eni. Tsiku loyamba, akundiperekeza pokwerera basi, anandiuza kuti, "Kumeneko wanyamula nkhope yanga, usakaigwetse." Mawu amenewo ndinkakwera nawo basi m'mawa uliwonse, ndipo ankandilemera kuposa chikwama.

Ba Mwansa ndi munthu wa ku Luapula, wamtali, wolankhula mofuula ngakhale pamene sanakwiye. Si munthu woipa. Chimene sapirira nacho ndi kuona manja a wantchito ali pamiyendo. Ine ndinazindikira zimenezi sabata yoyamba, ndiye ndinkaonetsetsa kuti nthawi iliyonse akanditembenukira andipeze ndagwira kanthu, kaya tsache, kaya nsanza yopukutira.

Ndifotokoze pang'ono ntchitoyo kuti mumve pamene ndinalakwira. Batire la laputopu ukalitsegula umapezamo maselo, timigolo tokhala ngati mabatire a tochi, kawirikawiri asanu ndi limodzi. Pambali pake pali kabodi kobiriwira, ndipo pakabodipo pali kachipu kakuda kochepa kuposa chikhadabo. Kachipu kameneko ndi kamene kamawerenga moto wolowa ndi wotuluka, n'kumauza laputopu kuti kwatsala maperesenti angati. Ntchito yathu inali kuchotsa maselo akufa, kuika amoyo, kenako kufufuta zimene kachipu kanasunga za maselo akale kuti kaphunzire enawo. Maselo amene tinkaika sanali a m'sitolo, ndipo makasitomala ankauzidwa zimenezo. Ankachokera m'mabatire ena ophwasula. Ba Mwansa ankawayeza okha limodzilimodzi, abwinowo n'kuwaika chizindikiro chofiira ndi kuwasunga m'bokosi pansi pa kauntala.

Amene ankandiphunzitsa anali Ba Kelvin, mnyamata wa ku Kitwe wondiposa zaka mwina zisanu ndi ziwiri. Anali ndi manja abwino kwambiri komanso pakamwa posatopa. Sankanditchula dzina, ankangoti "iwe wakudya mbeba" poseka zoti kwathu timadya mbewa, ine n'kumangomwetulira chifukwa sindinkadziwa kubweza. Anandiphunzitsa kudula mawaya kuyambira kumtunda ndi kuwalumikiza kuyambira kumunsi, chifukwa ukasokoneza, kachipu kamadzitsekera n'kuwotcha fyuzi. Anandiphunzitsa kulumikiza kabodi ku kompyuta yakale ya m'shopu ndi kufufuta zakale. Koma sankafotokoza chifukwa cha chilichonse. Ndikafunsa ndi maso ankati, "Yang'ana manja yanga, osati kamwa yanga."

Panali chinthu chimodzi chimene ankachita chimene ine sindinkachimvetsa. Akamaliza kuika maselo, ankayatsa laputopu mpaka batire lithe moto. Likatha, m'malo molitchaja, ankalichotsa, n'kumata kapepala kolembapo nthawi, n'kuliika pa shelefu yapamwamba. Akatero ankatsika kukasewera pulu, masewera omenya timipira ndi ndodo patebulo, kuseri kwa nyumba ya shopu yathuyo. Batire limodzi linkawatengera masiku awiri kapena atatu. Ba Mwansa ankang'ung'udza tsiku lililonse kuti mashopu ena amabweza laputopu tsiku lomwelo, ndipo ine mumtima ndinkavomerezana nawo. Kwathu munthu amene wasiya khasu m'munda dzuwa lili pamutu n'kupita ku bawo timamudziwa dzina lake.

Tsiku lina Ba Mwansa anabwera kuchokera ku banki n'kupeza ndili ndekha.

"Iwe Yotamu, Kelvin ali kuti? Aya mabatili yali pa shelefu kuchokela kuseni, ni chani?"

Ndikanatha kunena kuti sindikudziwa. Koma ndinati, "Ali ku pulu, ba bosi. Amayasiya chabe so masiku yonse." Kenako, popanda wondituma, ndinatsitsa mabatire atatuwo, ndinawatchaja, ndinawayesa, ndipo pofika madzulo onse anali okonzeka. Ba Mwansa anandigwira paphewa pamaso pa kasitomala n'kunena kuti uyu ndiye munthu wa ntchito. Abale, kuyambira pamene ndinafika m'tauni panalibe amene anandiyamikirapo. Ndinapita kunyumba ngati ndikuyenda m'mwamba. Patapita masabata atatu, Ba Mwansa ndi Ba Kelvin anakangana kwambiri za nkhani yomweyo ya pulu, ndipo Ba Kelvin anatenga zida zawo n'kuchoka. Benchi inakhala yanga.

Apa ndi pamene ndinayamba kuthamanga. Inalinso nyengo imene magetsi ankazima maola ambiri tsiku lililonse, ndiye aliyense mu Lusaka anali ndi chizolowezi chimodzi: magetsi akabwera, tchaja chilichonse nthawi yomweyo. Ine ndinachititsa mabatire chimodzimodzi. Ndinkaika maselo m'mawa, ndinkatsitsa moto msanga poyatsa mafilimu ndi kuwalitsa galasi mpaka kumapeto, likangozima ndinkalowetsa tchaja, likangodzaza ndinkalipereka. Shelefu yapamwamba ndinaipukuta n'kuikapo makatoni. Ba Mwansa analembetsa chikwangwani pakhomo chonena kuti ukabweretsa m'mawa utenga madzulo.

Sipanathe mwezi, malaputopu anayamba kubwerera. Madandaulo anali amodzimodzi. Laputopu ikuonetsa kuti moto ulipo 40 peresenti, munthu ali pakati polemba, basi yazima ngati wina wazula chingwe. Woyamba ndinamusinthira maselo. Wachiwiri ndinamusinthira kabodi. Wachitatu ndinamuchitira zonse ziwiri, ndipo anabwereranso patatha masiku atatu. Ndinkayeza selo lililonse kawiri, ndinkawotcherera mosamala mpaka maso kuwawa, ndinkafufuta kachipu mobwerezabwereza. Ndinasiya kupita kukadya masana. Ndinkafika kunyumba msana uli ngati wathyoka, zala zili ndi matuza a chowotcherera, ndipo m'basi ndinkagona mpaka kondakitala kundigwedeza pa Chelstone. Ndikamva mapazi akukwera masitepe a shopu, ndinkadziwa kuti ndi wina wobweza. Ndinapemphera, koma mapemphero anga anali a munthu wotopa, mawu awiri atatu tulo n'kundigwira.

Chimene chinafikitsa nkhani pamutu ndi malaputopu asanu ndi imodzi a Mayi Tembo, amene ali ndi sukulu yaing'ono ku Woodlands. Ana awo ankakonzekera mayeso a kompyuta, ndipo chifukwa cha kuzima kwa magetsi ankadalira mabatire. Ndinawakonza onse m'masiku awiri. Lachisanu la sabata yotsatira Mayi Tembo anakwera masitepe atanyamula onse m'chikwama chachikulu cha ku msika, n'kuwakhuthulira pa kauntala. Sanafuule, koma bola akanafuula. Anati ana akulira m'kalasi, ntchito zawo zikutayika, ndipo anamva kuti m'tauni anyamata amachotsa maselo abwino n'kuika zinyalala.

Ba Mwansa anatembenukira kwa ine, Mayi Tembo ali pomwepo.

"Maselo yanga ninayapima neka, yali bwino. Manje yaenda kuti? Niuze chabe, mufana, ugulisa kuli ndani?"

Ndikudziwa kuti kusadziteteza kwanga kunaoneka ngati kuvomera. Ndinkafuna kunena kuti atsegule mabatirewo aone chizindikiro chawo chofiira, koma iwo anayamba kale kunena kuti cholembera chofiira amagulitsa paliponse. Anandipatsa mpaka Lachitatu. Mabatirewo akapanda kukhala bwino, ndichoke, ndipo akauza akazi awo kuti akawafotokozere azakhali anga mtundu wa mwana amene anamubweretsa.

Loweruka ndinagwira tsiku lonse osapindula kanthu. Potseka ndinapempha kutenga laputopu imodzi kunyumba, ndipo Ba Mwansa analemba nambala yake papepala ndikuona, chinthu chimene anali asanachitepo.

Lamlungu ndinadzuka m'mawa ndi maganizo ojomba kutchalitchi kuti ndipitirize kuyesa. Ndinaisiya laputopuyo yoyaka patebulo pamene ndinkatunga madzi ndi kusita, osaika filimu chifukwa azakhali safuna phokoso tsiku limeneli. Inatsika pang'onopang'ono mpaka inazima. Pamene ndinkagwira tchaja kuti ndilowetse, magetsi anazima. Ndinakhala pansi pa simenti n'kuyamba kulira ngati mwana. Azakhali anandipeza choncho. Sanafunse zambiri, anangoti ndisambe kumaso tipite, chifukwa kuyang'ana soketi sikubweretsa magetsi.

Kutchalitchi sindinamve ulaliki, ndisakunamizeni. Ndinakhala kumbuyo ndi mutu wolemera. Pa nthawi ya mapemphero ndinangonena kuti, Ambuye, ine nzeru zanga zatha, mphamvu zanga zatha, ndilibe china choyesa. Ngati ndi kubwerera ku Katete ndibwerera, koma musalole ndipite ndi dzina la wakuba, chifukwa cha azakhali. Titatuluka panali msonkhano wa amayi, ndipo ndinawadikira azakhali panja kuti ndiwanyamulire mipando imene anabwereka. Tinafika kunyumba cha m'ma 3 koloko, magetsi atangobwera kumene. Ndinalowetsa tchaja, ndinagona pamphasa kuti ndiwongole msana pang'ono, ndipo ndinadzuka dzuwa likulowa. Batire linali litadzaza kalekale. Ndinadzikwiyira kuti tsiku lonse lapita pachabe.

Lolemba m'mawa ndinaiyatsa laputopuyo pa benchi ya kuntchito, ndisakuyembekeza kanthu. Inafika pa 45, kenako 40. Inapitirira. 30, 20, 10, mpaka inadzichenjeza yokha bwinobwino kuti moto watsala pang'ono. Ndinaitana Ba Mwansa. Ndinkaganiza kuti asangalala. Anaiyang'ana, kenako anandiyang'ana ine.

"So ukafuna uziba kuchita. Iyi waipeleka kunyumba, wabwezamo maselo yanga, si so?"

Chozizwitsa chimene ndinapempha chinasanduka umboni wonditsutsa. Choipa kwambiri n'chakuti sindinkadziwa chimene ndinachita kuti batirelo likhale bwino. Tsiku lomwelo ndinayesa lachiwiri mwa njira yanga ya masiku onse, ndipo linazima pa 38.

Nthawi ya masana ndinawaimbira azakhali n'kuwauza zonse, kuyambira tsiku lija la pulu, chifukwa ndinaona kuti kuli bwino amve kwa ine kusiyana ndi kukamva ku gulu la Lachinayi. Anati za mabatire iwo sadziwa, koma chimene akumva n'chakuti pali munthu amene anachoka pantchito chifukwa cha pakamwa panga, ndipo sindinapite kukamupepesa. Anati ndipite tsiku lomwelo, osati kukapempha thandizo, koma kukapepesa basi.

Ndinali nditamva kuti Ba Kelvin anatsegula kantemba, kashopu kakang'ono kokonzeramo mafoni, pafupi ndi msika wa Kabwata. Titatseka shopu ndinakwera basi ya kumeneko. Ndinadutsa pakantembapo kawiri osaima. Kachitatu anandiona okha.

"Shani, wakudya mbeba! Mudala akupisha nchito kale? Bwela, osaimilila monga mtengo wa malaiti."

Ndinalowa, ndinavula kapu, ndinanena mawu amene ndinakonza m'basi. Ndinati ndine amene ndinawanenera kwa Ba Mwansa, ndinkafuna kuyamikiridwa, ndipo ndalakwa. Anapitiriza kuwotcherera foni imene inali m'manja mwawo mpaka anamaliza. Anati ankadziwa kuyambira tsiku lomwelo, ndipo mwezi woyamba akanandipeza panjira sakudziwa chimene akanachita. Kenako anakankha kabenchi ndi phazi kuti ndikhale, n'kufunsa chifukwa chake ndaonda ngati galu wa pa depoti. Sindinafune kudandaula, koma zinangotuluka zonse, za 40 peresenti, za Mayi Tembo, za Lachitatu, ndi za batire limodzi lija limene linachira lokha.

Atamva za batire limenelo anaika chowotcherera pansi. Anandiuza kuti ndifotokoze za Lamlungu lonse, ola ndi ola. Nditafika pa magetsi kuzima ndi ine kupita kutchalitchi, anayamba kuseka. Nditafika pa kugona pamphasa, anaseka mpaka kugwira m'mimba, mayi wogulitsa tomato pafupi n'kusuzumira.

"Iwe! Mulungu achita kukuzimila malaiti na kukugoneka kuti uleke kuvuta batili! Mvela. Ukathamangila basi, wafika ku kiliniki uli wefuwefu, nesi angakupime pamene apo? Akuuza nkhala pa benchi, mutima ukhazikike. Na kachipu ni chimozimozi. Sikakhulupilila selo yamene yachoka kusebenza manje manje."

Anandifotokozera bwinobwino, ndipo ndilemba m'mawu anga. Ukafufuta kachipu, kamaganiza kuti maselo ndi atsopano a kufakitale, pamene athu ndi ogwirapo kale ntchito ndipo amasunga moto wocheperako. Ndiye kamalonjeza moto umene kulibe. Kuti kadziwe zoona, kamayenera kuyeza maselo ali phee, kamodzi atatha, kenanso atadzaza, n'kuwerengera kusiyana kwake. Batire likatha uyenera kulisiya maola asanu osaligwira. Likadzaza ulisiye maola awiri. Ndipo potsitsa moto usathamangitse ndi mafilimu, litsike modekha. Ukapanda kutero, kachipu sikaphunzira kanthu ngakhale utakafufuta kakhumi. Timapepala tija tolembapo nthawi tinali ta zimenezi.

"Faivi awazi. Osaigwila, osaiyang'ana, olo kuipemphelela uyende patali. Ine nenze kuyenda ku pulu chifukwa nikankhala pafupi manja yanyeleza."

Ndinafunsa mwamanyazi chifukwa chake sanandiuze nthawi ija, kapena kuwauza Ba Mwansa. Anati palibe amene anawafunsa. Kenako anavomera kuti ankabisa dala, chifukwa m'tauni ukaphunzitsa mnyamata zonse, mawa ntchito ndi yake. "Manje ona, nabisa, nchito yaenda chabe. Tonse ndise vipuba," kutanthauza zitsiru. Anandigulira botolo la maheu, n'kundiuza kuti ndizipita kusanade.

Ndinkaganiza kuti chovuta chatha, koma chinali chisanayambe. Njira imeneyi pa mabatire asanu otsalawo inkafuna mpaka Lachisanu, osati Lachitatu. Zinatanthauza kuti ine, amene sindinayambe ndawayankhapo Ba Mwansa, ndikaime pamaso pawo n'kuwauza kuti Ba Kelvin sankachita ulesi, kuti chikwangwani cha pakhomo chikulonjeza zosatheka, ndiponso kuti amene anawasocheretsa ndine. Lachiwiri m'mawa m'basi ndinabwereza mawuwo mumtima kuyambira Chelstone mpaka m'tauni. Nditafika ndinawanena maso ali pansi, mawu akudukaduka. Ba Mwansa anamvetsera atapinda manja. Anati nkhaniyo ikumveka ngati nzeru ya anthu awiri amene agwirizana kuti azilandira malipiro atakhala. Komabe anawaimbira Mayi Tembo, ndipo mayiwo anavomera Lachisanu, ati likadutsa limenelo apita kwina ndipo adzauza makolo onse za shopu yathu. Ba Mwansa anawonjezera lamulo lawo: mabatire asatuluke m'shopu, ndipo aliyense asawatsegule. Anawamata okha ndi tepi n'kusainapo.

Masiku atatu amenewo anali otopetsa kuposa miyezi yonse ya kuthamanga. Lachiwiri ndinayatsa malaputopu asanu n'kuwasiya atsike okha. Atazima ndinachotsa makatoni pa shelefu yapamwamba, ndinamata timapepala ta nthawi, ndinaika mabatirewo. Kenako panalibe chochita nawo. Ndinakonza kibodi ya munthu wina, ndinasesa kawiri, ndinapukuta magalasi amene anali oyera kale. Magetsi analipo masana onse, chinthu chosowa nyengo imeneyo, ndipo Ba Mwansa ankayang'ana soketi, n'kuyang'ana shelefu, n'kuyang'ana ine. Kawiri ndinapezeka ndaima pansi pa shelefuyo dzanja lili m'mwamba. Ndinatuluka kukakhala pa masitepe, manja nditawapana pakati pa mawondo.

Lachitatu, tsiku lotchaja, magetsi anazima kuyambira m'mawa. Ndinakhala ndikuwerenga maola, ndikuona kuti Lachisanu likuthawa. Ba Mwansa anati, "Mailo malaiti yenzeko, iwe unankhala chabe. Lelo tiona." Ndinapemphera chamumtima kuti amene anazimitsa Lamlungu ndi yemweyo amene angayatse lero. Magetsi anabwera cha m'ma 2 koloko. Mabatire anadzaza nthawi yotseka itayandikira, ndipo ndinawasiya pa shelefu mpaka m'mawa. Lachinayi ndinawatsitsanso modekha, ndinawasiya maola ake, ndinawatchaja madzulo. Nditalumikiza limodzi ku kompyuta yakale ija osalitsegula, ndinaona kuti nambala ya moto umene kachipu kakuti batire lingasunge yasintha, yatsika kufika pa mlingo weniweni wa maselowo. M'miyezi yonse ija nambala imeneyo inali isanasunthepo, ndipo ine sindinkadziwa n'komwe kuti iyenera kusuntha.

Lachisanu Mayi Tembo anafika m'mawa ndi mabuku a ana oti azichonga, n'kunena kuti sachoka mpaka aone ndi maso awo. Ba Mwansa anayang'ana tepi yawo pa batire lililonse, inali yosadulidwa. Tinayala malaputopu onse asanu pa kauntala, tinazula matchaja, tinawayatsa. Panadutsa maola awiri ndi theka. Yoyamba itafika pa 41 ndinapita pawindo, sindinathe kuyang'ana. Ndinamva Mayi Tembo akuwerenga motsitsa mawu ngati ali m'kalasi, 40, 39, 38. Kenako anasiya kuwerenga n'kubwerera ku mabuku awo. Ina ndi ina inadutsa pamalo paja pamene inkafera. Yomaliza inafika pa 7 n'kudzichenjeza, ndipo mayiwo anaitseka okha.

Ba Mwansa anakanda kumutu nthawi yaitali. Kenako analankhula kwa Mayi Tembo, osati kwa ine, koma mokweza monga amachitira.

"Madamu, vija ninakamba pali uyu mufana, muvichose mumutu. Si kawalala. Maselo ni yamene yaja, tepu mwaiona mweka. Tenze chabe na changu, ine na eve."

Mayi Tembo anandiyang'ana koyamba m'maso n'kunena kuti, "Pepa mwana wanga, nanenso ndinalankhula ndi mkwiyo." Ine ndinangoti zikomo, misozi ili m'maso, n'kuyamba kuwalongedzera malaputopu m'chikwama chija kuti asaone nkhope yanga. Atapita, Ba Mwansa anandituma kuti ndikatsitse chikwangwani cha pakhomo.

Sindinena kuti zonse zinakhala bwino. Ba Mwansa sanapite kwa Ba Kelvin, ndipo Ba Kelvin sanabwerere. Kantemba kawo kakuyenda pang'onopang'ono, ndipo ndikapita kumeneko Loweruka lina ndimaonabe kuti benchi imene ndimakhalapo inali yawo. Zimenezo ndimazinyamula, ndipo ndikupempha kuti muziwakumbukira m'mapemphero. Makasitomala ena akamva za masiku atatu amatsika masitepe n'kupita kwa olonjeza tsiku lomwelo. Koma amene atsala sabwereranso ndi madandaulo.

Ndikuthokoza Mulungu amene anandimva pamene pemphero langa linali lopanda mphamvu. Ndikuthokoza azakhali amene ananditumiza kukapepesa pamene ine ndinkangofuna njira yopulumukira. Ndikuthokozanso Ba Kelvin, munthu amene anali ndi chifukwa chokwanira chondisiya ndimire. Kwa inu achinyamata anzanga amene mwabwera m'tauni ndi mantha ofuna kukondweretsa aliyense, ndikudziwa kutopa kwake. Musaponde mnzanu kuti bwana akuoneni, ndipo chimene simukuchimvetsa funsani musanachitche ulesi. Ngati mukunamiziridwa ndipo pakamwa panu sipatha kudziteteza, musataye mtima, pitirizani kupemphera ngakhale ndi mawu awiri. Ine ndinalibe mawu, koma dzina langa linayeretsedwa pa kauntala yomweyo pamene linadetsedwa, Lachisanu pa 11 Okutobala 2019.